Bwinja lomwe anthu sanasamukemo: nyumba yachifumu ya Diocletian ku Split

Bwinja, monga timalidziwira, ndi malo amene anthu anasamukapo. Pamatsala mitengo ya mango, mapale, phulusa la padzala ndi timilu ta dothi posonyeza pamene panali nyumba. Ukafika ku Split, mzinda wachiwiri pakukula m'dziko la Croatia, mawu amenewa amakanika kugwira ntchito. Mabuku a alendo amati kumeneko kuli mabwinja a nyumba yachifumu ya Diocletian, mfumu yaikulu ya Aroma imene inalamulira kuyambira 284 mpaka 305. Koma mlendo akatsika sitima padoko, n'kuyendako pang'ono, n'kufunsa kuti nyumbayo ili pati, kawirikawiri amauzidwa kuti walowamo kale. Msewu waimapowo ndi wa m'nyumbamo. Sitolo akuionayo yatsamira khoma la Aroma. Chingwe chimene ayanikapo zovala pamwamba pa mutu wake achikoleka pa mwala wosemedwa zaka 1,700 zapitazo, ndipo belu likulira pa tchalitchi chimene chinamangidwa kuti chikhale manda a munthu amene ankapha Akhristu.

Mafumu a nthawi imeneyo anamanga nyumba zikuluzikulu m'mizinda ingapo. Ku Milan, ku Italy, kwatsala maziko ochepa pa msewu wa Via Brisa, atapanikizika pakati pa nyumba zosanja. Ku Nicomedia, likulu lenileni la Diocletian, zambiri zili pansi pa mzinda wa İzmit ku Turkey. Ku Sirmium, komwe lero ndi Sremska Mitrovica ku Serbia, zotsala za nyumba yachifumu anazipeza mu 1957 pokumba maziko a nyumba ina. Ku Trier, ku Germany, kwatsala holo imodzi yaikulu ya njerwa. Pa mizinda imeneyi, ku Split kokha ndiko ungazungulire mpanda n'kuona kuti nyumba yonse inayambira apa n'kulekezera apo. Chifukwa chake sichisangalatsa anthu okonda dongosolo: nyumbayi inapulumuka chifukwa anthu wamba anailowerera, anaigawana, anaiboolaboola, n'kumatayiramo zinyalala.

Tiyambe ndi mwini wake. Diocletian anabadwira ku Dalmatia, chigawo chomwecho chimene muli Split, kufupi ndi mzinda wa Salona, cha m'ma 240, m'banja lopanda dzina. Poyamba ankatchedwa Diocles. Anakwera kudzera m'usilikali pa nthawi imene ufumu wa Roma unali pachipwirikiti. Pakati pa 235 ndi 284 anthu oposa 20 anakhalapo pampando, ndipo ambiri a iwo anaphedwa ndi asilikali awo omwe kapena anafera kunkhondo. Ndalama zinatha mphamvu, ndipo adani ankalowa m'malire a ku Rhine, ku Danube ndi kum'mawa nthawi imodzi. Pa 20 Novembala 284 asilikali anamuveka ufumu kufupi ndi Nicomedia, ndipo iye anaona chimene anzake am'mbuyo sanafune kuvomereza, choti mutu umodzi susenza denga. Anatenga msilikali mnzake Maximian kuti ayang'anire chigawo cha kumadzulo, ndipo mu 286 anamupatsa udindo wofanana ndi wake, wa Augustus. Mu 293 anawonjezera achiwiri awo, Galerius ndi Constantius, aliyense ndi udindo wa Caesar. Ulamuliro wa anthu anayiwu ndi umene unabala nyumba zachifumu zambiri zija, chifukwa aliyense ankafunika likulu kufupi ndi malire amene ankalondera. Mzinda wa Roma unangotsala ndi ulemu. Diocletian anakaonekako mu 303 pokondwerera zaka 20 za ufumu wake, ndipo sanachedweko.

Anasinthanso maonekedwe a ufumu. Mafumu oyambirira ankanamizira kuti ndi nzika ngati anzawo, kungoti ali patsogolo. Diocletian analeka masewera amenewo. Anadzitcha Jovius, kutanthauza wa Jupiter, mulungu wamkulu wa Aroma, ankavala zofiirira ndi miyala yamtengo wapatali, ndipo wobwera pamaso pake ankagwada n'kupsompsona mphonje ya mkanjo wake. Izi n'zofunika kuzikumbukira, chifukwa nyumba ya ku Split inamangidwa kuti igwirizane ndi mwambo umenewu.

Chimene chinadabwitsa anthu n'chakuti pa 1 Meyi 305, atadwala kwambiri chaka chapitacho, anavula mkanjo wofiirira pamaso pa asilikali kunja kwa Nicomedia, n'kukakamiza Maximian kuchita chimodzimodzi ku Milan tsiku lomwelo. Mfumu ya Aroma kusiya mpando ikadali moyo, mwa kufuna kwake, zinali zisanaonekepo. Nyumba yokapumirako inali itayamba kale kumangidwa, cha m'ma 295, pagombe la kwawo, makilomita ochepa kuchokera ku Salona.

Kodi anamanga chiyani kwenikweni?

Akatswiri amatsutsanabe za dzina loyenera kuitcha. Ukaiona kuchokera kumtunda ndi linga la asilikali. Ukaiona kuchokera kunyanja ndi nyumba yopumulirako munthu wolemera. Zonse ziwiri ndi zoona. Mpandawo ndi wa mbali zinayi, pafupifupi mamita 215 m'litali ndi 180 m'lifupi, malo oposa mahekitala atatu, moti mabwalo a mpira anayi akhoza kulowamo n'kutsalako malo. Makoma ake ndi okhuthala pafupifupi mamita awiri, ndipo mbali ya kunyanja amapitirira mamita 20 kutalika. Panali nsanja 16, zonse kumakona ndi kumbali zitatu za kumtunda. Mbali ya kummwera, yoyang'ana nyanja ya Adriatic, inalibe nsanja pakati. M'malo mwake, pamwamba panali khonde lalitali la mawindo okhota kuchokera kona mpaka kona, momwe mfumu inkayenda ikupitidwa mphepo.

Zipata zinali zinayi, chimodzi mbali iliyonse. Maina amene zili nawo lero, Chipata cha Golide kumpoto, cha Siliva kum'mawa, cha Chitsulo kumadzulo ndi cha Mkuwa kummwera, anabwera patapita zaka mazana ambiri, Diocletian sanawamveko. Misewu iwiri inkadutsana pakati monga m'misasa ya asilikali a Roma, umodzi kuchokera kumpoto kupita kummwera, wina kuchokera kum'mawa kupita kumadzulo. Msewu wachiwiriwu ndi umene unkagawa nyumbayi pawiri. Kumpoto kunali kwa asilikali, antchito, nkhokwe ndi malo ogwirira ntchito. Kummwera kunali kwa mfumu ndi milungu yake.

Mlendo wolemekezeka ankalowera Chipata cha Golide, chimene chinali ndi zitseko ziwiri ndi kabwalo pakati, kuti alonda am'tsekere m'katimo ngati sakum'khulupirira. Ankayenda msewu wa mizati uku ndi uku mpaka pa bwalo limene lero amalitcha Peristil, lalitali mamita 27 ndipo m'lifupi theka la pamenepo. Kumanzere kwake kunali manda a mfumu, omangidwa mwini wake ali moyo. Kumanja kunali kachisi, amene ambiri amati ndi wa Jupiter, ndi tiakachisi tiwiri tozungulira. Kutsogolo kunali khonde lokwezeka lokhala ndi mizati inayi, ndipo pakati pake mwala wopingasa unapindidwa kukhala uta, kuti woima pamenepo aoneke ngati wavekedwa chisoti ndi nyumba yomwe. Apa ndi pamene mfumu inkaonekera. Munthu amene ankati ndi mwana wa Jupiter anali ndi kachisi wa atate wake kudzanja limodzi, ndi malo amene adzasandukire mulungu kudzanja lina. Kuseri kwa khondelo kuli chipinda chozungulira chodikiriramo, chimene denga lake linagwa kalekale, moti ukaima pakati n'kuyang'ana kumwamba umaona thambo. Magulu oimba nyimbo za ku Dalmatia zotchedwa klapa, zoimba popanda zing'wenyeng'wenye, amakonda kuimbira m'menemo chifukwa mawu amamveka bwino.

Pa bwalo lomweli pali chinthu china chimene maso osazolowera angachilumphe. Mauta amiyala akhala mwachindunji pamitu ya mizati, popanda mtanda wamwala wogona pakati, umene Agiriki ndi Aroma akale ankauona ngati lamulo. Kamangidwe kameneka kanali kodziwika kumadera a kum'mawa kwa ufumuwo, ndipo pambuyo pake kanadzakhala kamangidwe ka matchalitchi osawerengeka. Zilembo za Chigiriki zimene amisiri anasiya pamiyala zikusonyezanso kuti ambiri a iwo anachokera kum'mawa.

Zipangizo zinachokera kutali ndi pafupi. Miyala yoyera ya laimu anaikumba pa chilumba cha Brač ndi ku Seget kufupi ndi Trogir. Mizati yofiira ya mwala wolimba inachokera ku Egypt, dziko limene Diocletian anakathetsako kuukira cha m'ma 297 ndi 298. Kumeneko anatengakonso zifanizo za mikango ya mitu ya anthu zimene zinali kale ndi zaka zoposa chikwi. Chimodzi chikadali pa Peristil, chakuda, chitagona pa khoma, ndipo china chopanda mutu chili pakhomo la kachisi. Madzi ankabwera pa ngalande ya makilomita 9 kuchokera ku kasupe wa mtsinje wa Jadro, pena pansi pa nthaka, pena pamwamba pa mauta amiyala. Kukula kwa ngalandeyi kwachititsa akatswiri ena kuganiza kuti madziwo sanali akumwa ndi kusamba kokha. Chikalata cha boma la Roma cha kumayambiriro kwa zaka za m'ma 400, chimene chimandandalika maudindo onse, chimatchula mkulu woyang'anira malo owombera nsalu a boma ku Aspalathos, dzina lakale la Split. Nsalu zaubweya zimadya madzi ambiri pozitsuka ndi kuzinyika, ndipo pafupi ndi mpandawo pali akasupe a sulufule. Ngati maganizo amenewa ali oona, nkhalamba ija inkagona mpanda umodzi ndi fakitale ya mayunifolomu a asilikali.

Diocletian anakhalamo zaka zochepa, ndipo sizinali zamtendere monga nthano imanenera. Nthanoyo ndi iyi: mu 308, dongosolo lake litayamba kuphwasuka, anam'itanira ku Carnuntum pa mtsinje wa Danube, n'kum'pempha kuti abwerere pampando. Iye anayankha kuti akanaona ndiwo zamasamba zimene analima ndi manja ake ku Salona, sakanam'pempha zimenezo. Anthu amakonda kunena kuti anali kabichi, koma mawu a Chilatini amene wolemba wakaleyo anagwiritsa ntchito amangotanthauza masamba a kudimba. Zimene zinatsatira n'zowawa. Maximian anafa mu 310 atakangana ndi Constantine, mwana wa Constantius uja, ndipo pogwetsa zifanizo zake anagwetsera limodzi ndi za Diocletian, popeza awiriwa ankajambulidwa pamodzi. Galerius atamwalira mu 311, mkazi wake Valeria, mwana wa Diocletian, anathamangitsidwira ku Syria pamodzi ndi mayi ake Prisca. Bambo wokalambayo anatumiza amithenga kupempha kuti am'bwezere mwana wake, koma palibe anam'mvera. Anamwalira cha pakati pa 311 ndi 313, ndipo patapita kanthawi mfumu ina, Licinius, inadula mitu amayi awiriwo ku Thessaloniki. Chizunzo cha Akhristu chimene Diocletian anayambitsa pa 23 Febuluwale 303 chinali chitalephera kale. Galerius yemwe anachiletsa ali pamphasa ya imfa.

Nyumbayo inakhalabe ya boma. Wolemba mbiri Ammianus Marcellinus amasimba za mlandu wabodza wa m'zaka za m'ma 350, woti munthu wina anaba nsalu yofiirira pa manda a Diocletian, chizindikiro choti mandawo ankasungidwabe bwino pansi pa mafumu achikhristu. Mu 480 Julius Nepos, amene anachotsedwa pa ufumu wa kumadzulo koma n'kumadzitchabe mfumu, anaphedwa kufupi ndi Salona, ndipo olemba ambiri amati kunali m'nyumba yomweyi.

Othawa nkhondo

Salona unali mzinda waukulu, likulu la chigawo cha Dalmatia, wokhala ndi bwalo la masewera lolowa anthu zikwi zambiri, matchalitchi ndi manda a ofera chikhulupiriro. M'zaka zoyambirira za m'ma 600, anthu a mitundu ya Aavar ndi Asilavu atafika m'derali, mzindawo unatha. Wansembe Thomas wa ku Split, amene analemba mbiri ya mpingo wa kumeneko m'zaka za m'ma 1200, akuti anthu anathawira pa zilumba, kenako munthu wina wolemera dzina lake Severus anawatsogolera kubwerera kumtunda n'kukalowa m'nyumba ya Diocletian. Olemera anatenga zipinda za mfumu ndi nsanja, osauka anadzipanikiza m'zipinda zapansi ndi m'makonde. Ofukula zakale amaona kuti kusamukaku kunachitika pang'onopang'ono kuposa mmene Thomas anafotokozera, koma mapeto ake ndi amodzi. Mpanda umene unamangidwira munthu mmodzi unasanduka mudzi.

Apa ndi pamene pagona nkhani yonse. Nyumba yamiyala ikasiyidwa, mdani wake wamkulu si mvula kapena chivomezi, koma anansi. Mwala wosemedwa kale ndi wotsika mtengo kuposa wokakumba kuphiri, ndipo nsangalabwi ukaiwotcha imatuluka laimu wabwino womangira. Salona inadyedwa motero kwa zaka mazanamazana, ndipo m'zaka za m'ma 1600 akuluakulu a ku Venice, amene ankalamulira gombeli, anagumula dala bwalo lake la masewera kuti asilikali a ufumu wa Ottoman wa ku Turkey asabisalemo. Lero Salona ndi bwinja lenileni, la udzu ndi maziko, m'tauni ya Solin. Ku Split zinatembenuka. Khoma la Aroma linali chitetezo cha anthu okhala m'katimo, ndiye palibe akanalola kuti ligumulidwe. Nyumba zawo zinkatsamira khomalo, mitanda ya madenga awo inkalowa m'khomalo. Ankatseka mawindo akuluakulu a mfumu n'kuboola awo ang'onoang'ono, ankamanga m'misewu mpaka msewu wa mizati unasanduka kanjira. Kanjira kena pafupi ndi kachisi n'kopanikiza moti anthu awiri sangapatukirane, ndipo dzina lake m'chinenero chawo limatanthauza "ndisiye ndidutse". Zimene anawononga n'zambiri. Chigawo cha kumpoto chinasinthiratu, ndipo zipinda zogona za mfumu zinamezedwa ndi nyumba za anthu. Koma chigoba chinatsala.

Manda aja ndiwo chitsanzo chachikulu. Kunja ndi nyumba ya mbali zisanu ndi zitatu yozunguliridwa ndi mizati 24, m'kati ndi yozungulira, ya mizati yosanjikizana kawiri ndi denga lanjerwa lobulungira, limene njerwa zake anaziyala ngati mamba a nsomba. Malinga ndi mbiri ya mpingo wa kumeneko, bishopu John wa ku Ravenna anachotsamo mafano n'kuidalitsa kukhala tchalitchi cha Maria Virigo. Bokosi lamwala la Diocletian linasowa, mafupa ake sakudziwika kumene anatayidwa. M'malo mwake munalowa mafupa a Domnius, bishopu wa Salona amene anaphedwa mu 304 pa chizunzo cha Diocletian yemweyo, ndi a Anastasius, mmisiri wotsuka nsalu wochokera ku Aquileia amene anam'mangirira mwala wa mphero m'khosi n'kum'ponya m'madzi. Anthu a ku Split amatcha tchalitchichi Sveti Duje, kutanthauza Domnius Woyera, ndipo pa 7 Meyi chaka chilichonse amachita chikondwerero cha woyerayo, chimenenso ndi tsiku la mzinda. Komabe ukakweza maso m'katimo, pansi pa denga pali mzere wa zosemasema za tiana tosaka nyama, ndipo pakati pake pali nkhope ziwiri zimene akatswiri amati ndi za Diocletian ndi Prisca. Akhala akumvera Misa kuchokera pamenepo kwa zaka zoposa chikwi.

Mibadwo yotsatira inawonjezera zake. Mu 1214 Andrija Buvina anasema zitseko zamatabwa zokhala ndi zithunzi 28 za moyo wa Yesu, ndipo zilipobe. Nsanja ya belu, yotalika mamita 57, inatenga zaka pafupifupi 300 kuti ithe, ndipo inamangidwanso kwambiri pakati pa 1890 ndi 1908. Mu 1448 Juraj Dalmatinac anasema guwa la Anastasius. M'zaka za m'ma 1600 anagumula khoma la kum'mawa la mandawo kuti awonjezere malo a oimba ndi ansembe. Kachisi wa Jupiter anasanduka nyumba yobatiziramo, ndipo ndicho chifukwa chake denga lake lamiyala yosemedwa likadali lathunthu. Ngakhale kanjira ka alonda pamwamba pa Chipata cha Golide kanasanduka tchalitchi cha Martin Woyera, chachitali mamita 10 koma m'lifupi chosakwana mamita awiri. M'zaka za m'ma 1500 Ayuda, ambiri a iwo ochokera ku Spain ndi Portugal, anakonza sunagoge m'nyumba zotsamira khoma la kumadzulo. Pofika nthawi imeneyo mzinda unali utasefukira kale kunja kwa Chipata cha Chitsulo, komwe kunabadwa bwalo latsopano la mzinda.

Mbali imene ine imandigwira mtima kwambiri ndi ya pansi. Malo amene anamangapo ndi otsetserekera kunyanja, choncho kuti zipinda za mfumu zikhale pa mulingo umodzi ndi mbali ya kumpoto, amisiri anayamba amanga zipinda zoposa 50 zochirikiza, za makoma okhuthala ndi madenga okhota. Khoma lililonse la pansi linkanyamula khoma la pamwamba, ndiye pulani ya pansi ndi chithunzi cha pulani ya pamwamba. Othawa nkhondo oyambirira anakhalamo, ndipo muli zotsala za chofinyira mafuta a olivi ndi mphesa. Koma mabanja a pamwamba atachuluka, anatulukira ntchito ina ya zipindazi. Anaboola mabowo pansi pa nyumba zawo, n'kusandutsa zipindazo dzala ndi chimbudzi. Kwa zaka mazana ambiri munagwera phulusa, mafupa, mapale, zigumukire za nyumba ndi zonyansa, mpaka zipinda zambiri zinadzaza kufika kudenga. Mulu umenewo unatsekereza aliyense wofuna kulowa kudzatenga miyala kapena kudzagawa zipinda. Pamene akatswiri, motsogozedwa ndi abale awiri Jerko ndi Tomislav Marasović, anayamba kufukula mwakhama m'zaka za m'ma 1950, anapeza maholo athunthu ngati omangidwa dzulo. Mbali ya kumadzulo inatsegulidwa kwa anthu mu 1959, ya kum'mawa mu 1995. Zipinda zodyera ndi zolandiriramo alendo za mfumu, zimene pamwamba zinatha, timazidziwa maonekedwe ake chifukwa cha zimbudzi za anthu amene anazithetsa.

Mkangano wa oyeretsa

Mbiri ya nyumbayi inafala kwambiri kwa anthu akunja m'zaka za m'ma 1700. Mu 1757 katswiri wa zomanga wa ku Scotland, Robert Adam, anafika ndi wojambula wa ku France Charles-Louis Clérisseau, n'kukhala milungu isanu akuyeza makoma. Akuluakulu a Venice, amene ankalamulira mzindawu kuyambira 1420 mpaka 1797, anam'ganizira kuti ndi kazitape, poti makomawo anali mbali ya chitetezo cha mzinda. Buku lake la zithunzi linatuluka mu 1764, ndipo zimene anaona ku Split zinalowa m'nyumba zimene anamanga ku Britain, kuphatikizapo Adelphi m'mphepete mwa Thames ku London. Koma zithunzi zokongolazo zinabweretsanso chiyeso. Anthu ophunzira anayamba kulakalaka nyumba ya m'bukuyo, yopanda zisakasa zomata m'makoma, yopanda utsi ndi zovala pachingwe.

Kuyambira m'zaka za m'ma 1800, pansi pa ulamuliro wa Austria, panabuka maganizo oti nyumba za m'zaka zapakati zigumulidwe kuti za Aroma zionekere. Wansembe Frane Bulić, amene anathera moyo wake akufukula Salona, ankafuna kuti nyumba yakale ya bishopu ichoke kuti manda aja aime paokha. Alois Riegl, katswiri wa mbiri ya zaluso wa ku Vienna, mu 1903, anatsutsa. Iye ankati zimene mibadwo inawonjezera n'zamtengo wake. Mkanganowo sunathe ndi mfundo, unatha ndi moto, poti nyumba ya bishopuyo inapsa mu 1924. Ndale nazo sizinasowe. Kwa Ataliyana nyumbayi inali umboni woti Dalmatia ndi ya Roma, choncho ndi yawo. Mu 1929 katswiri wosema wa ku Croatia, Ivan Meštrović, anaimika pa Peristil chifanizo chachikulu cha Grgur wa ku Nin, bishopu wa m'zaka za m'ma 900 amene amakumbukiridwa ngati mtetezi wa mapemphero a m'Chisilavu. Ataliyana atalanda mzindawu mu 1941 anachidula zidutswa n'kuchichotsa. Chinaimikidwanso mu 1954, koma kunja kwa Chipata cha Golide, kumene alendo amasisita chala chake chakuphazi mpaka chinayera mbee. Mabomba a pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse anawononganso nyumba zina, ndipo pochotsa zigumukirezo Chipata cha Siliva, chimene chinali chotsekedwa kwa zaka mazana, chinatsegulidwanso.

Ine ndili kumbali ya Riegl, koma tisam'kometse kwambiri moyo wa m'katimo. Pofika pakati pa zaka za m'ma 1900, mbali zina za mpandawu zinali malo a anthu osaukitsitsa, a chinyontho, mdima ndi zimbudzi zogawana mabanja ambiri. Dera lina ankalitcha Get, ndipo linali ndi mbiri yoipa. Pa 11 Januwale 1968 anthu anadzuka n'kupeza pansi pa Peristil patapakidwa penti wofiira, ntchito ya achinyamata ojambula, ndipo chimodzi mwa zimene anthu anawerengapo n'chakuti malowo anali atanyanyalidwa. Njira imene inasankhidwa pambuyo pa nkhondo inali yapakati: kufukula, kukonza, kusamutsa mabanja m'nyumba zoopsa kwambiri, koma kulola kuti mzinda upitirire kukhala mzinda. Mu 1979 UNESCO, nthambi ya United Nations yoona za maphunziro ndi chikhalidwe, inaika malowa pa mndandanda wa chuma cha dziko lonse, ndipo dzina limene inalemba limatchula mzinda wakale wa Split pamodzi ndi nyumba ya Diocletian, osati nyumbayo payokha. Chithunzi chake chinali kuseri kwa ndalama ya 500 kuna mpaka Croatia inayamba kugwiritsa ntchito euro pa 1 Januwale 2023. Ngalande ya ku Jadro nayo inakonzedwa mu 1880, pa nthawi ya meya Antonio Bajamonti, ndipo inayambanso kumwetsa mzinda.

Vuto la lero silinaganiziridwe ndi Bulić kapena Riegl. Palibe akufuna kugumula chilichonse. Mwaye wakuda umene unamata mizati ya pa Peristil anauchotsa ndi kuwala kwa laser, ndipo miyala ikuwala kuposa mmene agogo a anthu a kumeneko anaionera. Chimene chikuchoka ndi anthu. Split ili ndi anthu pafupifupi 160,000, koma okhala m'kati mwa mpanda akucheperachepera. Mwini nyumba amapeza zambiri pochititsa lendi chipinda kwa alendo m'miyezi itatu yotentha kuposa kusunga banja chaka chonse. Mwala uliwonse ndi wotetezedwa ndi lamulo, ndiye kukonza denga kapena paipi kumafuna zilolezo ndi ndalama zambiri. Galimoto silowa, katundu amanyamulidwa pamanja kapena pa tingolo, ndipo usiku phokoso la m'mabala limagunda m'makoma amiyala. Telala, wokonza nsapato ndi kagolosale akulowedwa m'malo ndi malo odyera, masitolo a zikumbutso ndi makina otapira ndalama omatidwa m'makoma akale. Kanema wina wotchuka wa pa TV atajambulidwa m'zipinda zapansi zija, kunabwera gulu latsopano la alendo amene Diocletian sakumudziwa n'komwe. Khonsolo ya mzinda yafika poika zindapusa kwa omwera mowa m'misewu ya m'katimo ndi okwera pa zipilala.

Msika wa Pazar ukadali kunja kwa khoma la kum'mawa, amayi akugulitsa masamba, tchizi ndi mafuta a olivi, ndipo kumsika wa nsomba kumadzulo anthu amanenabe kuti ntchentche sizifikako chifukwa cha fungo la sulufule. Misa ikuchitikabe m'manda a mfumu. Koma mu Januwale, sitima za alendo zitaleka kubwera, ungayende tinjira tambiri m'katimo madzulo osaona nyali pawindo. Pazitseko zambiri, pamene kale pankalembedwa dzina la banja, pali kabokosi kachitsulo kosungiramo kiyi, kotsegula ndi manambala amene mlendo amatumiziridwa pa foni.